Wolemba Mbiri ya Oimba Amamvetsera Mapepala

Ndikauza anthu kuti ntchito yanga ndi kulemba mbiri ya anthu opeka nyimbo, ambiri amayesa kuti ndimatola miseche: uje ankamwa chiyani, anali ndi ngongole kwa yani. Ena amaganiza kuti ndimalemba zotamanda ngati mbiri ya pamaliro. Powamasulira, ndimawauza za Erik Tawaststjerna, amene mabuku ake anandiphunzitsa ntchitoyi.

Bamboyu anabadwira ku Mikkeli m'dziko la Finland mu 1916. Anayamba ndi kuimba piyano, ndipo anasulidwa ndi Heinrich Neuhaus ku Moscow komanso Alfred Cortot ku Paris. Kuyambira 1960 mpaka 1983 anali pulofesa wa maphunziro a nyimbo pa yunivesite ya Helsinki. Wopeka nyimbo Jean Sibelius atamwalira mu 1957, banja lake linalola Tawaststjerna kuwerenga makalata ndi dayale ya malemuwo. Tawaststjerna ankalemba m'Chiswidishi, ndipo mabuku ake asanu a mbiri ya Sibelius anatuluka m'Chifinishi kuyambira 1965 mpaka 1988. Zaka zonsezo pa munthu mmodzi! Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Kudekhako n'kofunika chifukwa timayala zinthu zitatu patebulo: dayale, makalata, ndi mapepala amene wopekayo ankayeserapo nyimbo n'kumafufuta. Tikatero timafunsa ngati masiku ake akugwirizana.

Tengani za mu 1908. Sibelius anachitidwa opaleshoni ya chotupa cha pakhosi, ndipo anasiya mowa ndi fodya kwa zaka pafupifupi 7. Mu 1911 anatulutsa simfoni yake yachinayi, nyimbo yozizira, yodzaza ndi nkhawa. Wolemba wopupuluma angathamangire kunena kuti ndi mantha a imfa basi. Wosamala amakhala pa piyano, n'kuimba zoyeserazo chimodzichimodzi, kuti amve mmene ganizo linakulira. Apa m'pamene zala za Tawaststjerna zinamuthandiza: pepala limene ena akanangoliyang'ana, iye ankalimva.

Nthawi zina mapepala amatipatsa mphatso. Pa 21 Epulo 1915, Sibelius analemba mu dayale kuti waona mbalame 16, zoyera, za makosi aatali ngati atsekwe, zikuuluka pamwamba pake. Iye mwini anagwirizanitsa mbalamezo ndi chigawo chomaliza cha simfoni yachisanu. Ndikamva malipenga a chigawocho akukwera ndi kutsika ngati mapiko, ndimathokoza kuti tsikulo linalembedwa.

Koma nthawi zina mapepala amatimana. Dziko linadikira simfoni yachisanu ndi chitatu kwa zaka zambiri, koma m'ma 1940 Sibelius anatentha zolemba zake zambiri m'ng'anjo ya kunyumba kwake ku Ainola; mkazi wake Aino anangoona chiyambi chake, n'kutuluka m'chipindamo. Apa wolemba mbiri amayesedwa koopsa, poti mtima umafuna kudzaza mpatawo ndi zongoganizira. Ine ndimauza ophunzira anga kuti anene zimene Aino anaona, asonyeze timapepala totsala, ndipo akafika pa phulusa aike cholembera pansi. Ulemu umenewo timaupereka kwa wakufayo ndi kwa inu owerenga.