Filimu ya Mueda Inadulidwa Isanafike kwa Anthu

Funsani mkulu wa ku Ulongue kapena ku Domue amene anakula m'masiku a Samora Machel, mwina akumbukira dzina loti Kuxa Kanema. Inali filimu yaifupi ya nkhani za dziko, yopangidwa ku Maputo ndi bungwe la Instituto Nacional de Cinema limene linakhazikitsidwa mu 1976. Magalimoto ankanyamula makina kupita kumidzi, nsalu yoyera n'kupachikidwa, anthu n'kukhala pansi kuonera dzuwa litalowa.

Bungwe lomweli ndilo linapanga filimu yotchedwa Mueda, Memória e Massacre. Anaijambula ndi Ruy Guerra, mwana wa ku Lourenço Marques amene anatchuka ku Brazil. Ikunena za tsiku la 16 Juni 1960, pamene asilikali a atsamunda anawombera khamu la anthu pa boma la Mueda, ku Cabo Delgado. Osewera ake sanali olembedwa ntchito ayi. Anali anthu a ku Mueda komweko, amene ankachita sewero la tsokalo pabwalo kuti ana awo asaiwale.

Koma imene anthu anaonera mu 1980 sinali ndendende monga anaisiyira mwini wake. Akuluakulu a boma analamula kuti zigawo zina zidulidwe, zina zijambulidwenso. Woonera sakanadziwa, pakuti filimu yodulidwa sionetsa msoko monga malaya a chigamba.

Zoterezi si zathu zokha. George Lucas anasintha filimu yake ya Star Wars ya 1977 poitulutsanso mu 1997. Mnyamata wina wa ku Czech Republic, Petr Harmáček, sizinamukomere. Anakhala pa kompyuta n'kumalumikiza zidutswa zotola uku ndi uku, ndipo mu 2011 anatulutsa filimuyo ikuoneka monga inkaonekera poyamba. Palibe anamulipira.

Ntchito ya kwathu njolemera kuposa pamenepo, chifukwa moto wa mu 1991 unawononga nyumba ya bungwe lija ndi makina ake, ndipo mafilimu amene anapulumuka anakhala zaka zambiri osasamalidwa bwino. Ya Mueda inapeza oikonda. Mayi Catarina Simão a ku Portugal anafufuza mbiri ya kudulidwa kwake, ndipo bungwe la Arsenal la ku Berlin, limene linkasunga kope lina, linagwirizana ndi a ku Maputo kuikonzanso kuti izioneka pa makina a masiku ano. Nkhope za anthu a ku Mueda zikuonekanso bwino, ngakhale ambiri mwa iwo anatisiya kale.