Kunyoza Khoti: Chiletso Chikafika Pakhomo

M'midzi ya ku Machinga ndi ku Balaka mawu oti "chiletso" sitikuwamvanso ngati achilendo. Pakabuka mkangano wa ufumu kapena wa malire a munda, wina amathamangira ku khoti, nabwerako ndi chikalata choletsa kulonga mfumu kapena kulima pamalopo. Tsono anthu amafunsa akatekisiti athu kuti: ngati chikalatacho chalakwa, tichimvere bwanji?

Yankho la malamulo ndi lowawa koma lomveka. Lamulo la khoti limagwira ntchito kufikira khoti lomwelo, kapena lina lalikulu, litalichotsa. Amene sakukhutira ali ndi njira ziwiri: kupempha kuti chiletso chichotsedwe, kapena kuchita apilo. Wongochinyalanyaza amapalamula mlandu wina, wonyoza khoti, ngakhale pa nkhani ya mundayo akadakhala wolungama.

Mlanduwu sugwera munthu mwachisawawa. Wodandaula ayenera kuonetsa kuti lamulolo linali lomveka bwino, kuti munthuyo analidziwa, ndiponso kuti analiphwanya mwadala. Popeza chilango chake chikhoza kukhala chindapusa kapena ndende, umboni uyenera kukhala wosasiya chikaiko. Kawirikawiri amene wagonja, namvera ndi kupepesa, khoti limamuchitira chifundo, pakuti chimene likufuna ndi kumveredwa.

Vuto limakula pamene wokana kumvera ndi wolamula apolisi. Tikukumbukira chaka cha 2002, pamene Pulezidenti Bakili Muluzi, mwana wa ku Machinga konkuno, analetsa zionetsero zonse zokhudza nkhani yoti aimenso kachitatu. Mu Juni chaka chimenecho Woweruza Dunstain Mwaungulu anaimitsa lamulo lakelo, koma a Muluzi ananena poyera kuti sadzalabadira chigamulocho. Chodabwitsa n'chakuti njira yoyenera inalipo: boma linabwerera ku khoti, ndipo woweruza wina anachotsa chiletsocho patangopita masiku ochepa. Mawu onyozawo sanapindule kanthu, koma anthu wamba anali atawamva kale. Pa 4 Julaye Nyumba ya Malamulo inakana kusintha malamulo, ndipo mu Okutobala Khoti Lalikulu linagamula kuti kuletsa zionetsero kuja kunali kosemphana ndi malamulo aakulu a dziko.

Malamulo aakuluwo, pa gawo 91, amateteza Pulezidenti kuti asazengedwe milandu ina ali pa mpando, komabe amanenetsa kuti udindo wake sungathawe malamulo a khoti okhudza ufulu wa anthu. Mu 2011 boma la Bingu wa Mutharika linayesa njira ina: linakhazikitsa lamulo loletsa makhoti kupereka chiletso kwa boma lisanamvedwe mbali yake. Lamulolo linafafanizidwa mu 2012.

Sitikana kuti ena amagwiritsa ntchito ziletso pongofuna kuchedwetsa chilungamo, mudzi n'kukhala zaka wopanda mfumu, munda n'kugonera. Wopwetekedwa motero apite kwa loya, kapena ku Legal Aid Bureau ngati alibe ndalama, chikalata chili m'manja, asanagwire khasu.