Wakufa akamafuna magazi, timuyankhe chiyani?

Pamaliro kuno kwathu pamakhala mafunso awiri. Loyamba limafunsidwa poyera: "Wadwala masiku angati?" Lachiwiri limayenda chapansipansi, kuseri kwa nkhokwe kapena panjira yochokera kumanda: "Wamupha ndani?" Kaya ndi ku Misuku, kwa Kameme, ku Nthalire kapena pa Boma, kaya mumalankhula Chindali, Chilambya, Chisukwa kapena Chitumbuka, funso lachiwirili mumalidziwa, makamaka akafa wachinyamata mwadzidzidzi. Ndipo likangofunsidwa limakoka linzake: nanga malemuwo akufuna tichitepo chiyani? Tingokhala?

Anzanga, funsoli silinayambire ku Chitipa. Agiriki a mumzinda wa Athens linawasowetsa tulo zaka pafupifupi 2,500 zapitazo, mpaka analiika m'sewero. M'chaka cha 458 Yesu asanabadwe, mlembi wina dzina lake Aeschylus anapambana pampikisano wa masewero umene unkachitika chaka ndi chaka pachikondwerero cha mulungu wawo Dionysus. Anaonetsa masewero atatu olumikizana, amene pamodzi timawatchula kuti Oresteia. Osewera onse anali amuna ovala zigoba kumaso, ngakhale amene ankasewera ngati akazi, ndipo anthu masauzande ankaonerera atakhala m'mbali mwa phiri. Inu a Fomu 4 amene mzukwa wa Banquo wa m'buku la Macbeth unakuopsani, dikirani mumve izi.

Nkhani yake ndi ya banja limodzi lachifumu. Mfumu Agamemnon ankatsogolera asilikali a Agiriki kunkhondo yokamenyana ndi mzinda wa Troy, koma ngalawa zawo zinakanika kunyamuka chifukwa cha mphepo. Wolosera anati mulungu wamkazi Artemis wakwiya, ndipo sangaleke pokhapokha mfumuyo itapereka nsembe mwana wake wamkazi, Iphigenia. Bamboyo anaperekadi mwanayo. Ngalawa zinayenda, nkhondo inatha zaka 10, ndipo zaka zonsezo mayi wa mwanayo, Clytemnestra, ankangosunga m'mimba. Mwamuna wake atabwerera anamulandira ndi nsangala, anamukonzera madzi osamba, kenako anamukulunga m'chinsalu ngati nsomba muukonde n'kumubaya. Anathandizana ndi chibwenzi chake Aegisthus, amene nayenso anali ndi chakukhosi chake: bambo a Agamemnon anapha abale ake a Aegisthus ali ana, n'kuphika nyama yawo, n'kuipereka kwa bambo awo omwe kuti adye. Mlandu suola, eti? M'nyumba imeneyi aliyense wopha ali ndi maliro amene akulirira, ndipo mukamumvetsera yekha mumaona ngati akunena zoona.

Sewero lachiwiri ndi limene lili pafupi kwambiri ndi ife. Papita zaka. Clytemnestra walota atabereka njoka, ndipo poiyamwitsa njokayo yayamwa mkaka wosakanikirana ndi magazi. Wadzuka ndi mantha, wadziwa kuti wakufa uja sanagone. Ndiye watuma mwana wake wamkazi Electra kuti akathire nsembe pamanda a bambo ake. Agiriki ankathira pamanda zinthu monga mkaka, uchi ndi vinyo, monga mmene makolo athu ankachitira ndi ufa ndi mowa. Kumandako Electra akupeza tsitsi limene wina wameta n'kusiya pamtumbira, ndipo likufanana ndi lake. Ndi la mlongo wake Orestes, amene anakulira kudziko lina ndipo wabwera mobisa. Awiriwo akuima pamandapo n'kuyamba kuitana bambo awo, osati kuti ause mumtendere ayi, koma kuti adzuke awathandize kulipsira. Nsembe imene mayi anatumiza kuti iziziritse mzimu, anawo aisandutsa yoputira mzimuwo.

Kuti timvetse chifukwa chake wakufa ankaopedwa chonchi, tiyenera kudziwa mmene Agiriki ankaganizira za kumanda. Ambiri sankayembekezera kumwamba kapena ng'anjo ya moto monga timamvera kutchalitchi. Ankati akufa, abwino ndi oipa omwe, amatsikira kudziko lamdima la Hades, kumene amakhala ngati zithunzithunzi, opanda mphamvu, opanda chosangalatsa. Chimene wakufa watsala nacho ndi ulemu umene amoyo akumupatsa: kuikidwa m'manda mwamwambo, kuthiriridwa nsembe, kukumbukiridwa. N'chifukwa chake m'sewero lina, la Sophocles, mtsikana Antigone analolera kufa kusiyana n'kusiya mtembo wa mlongo wake pamtunda. Tsono munthu wochita kuphedwa, ngati abale ake angokhala chete, ndiye kuti wanyozeka kawiri, kuno ndi kumene wapitako. Alibe manja. Manja ake ndi ana ake.

Orestes anali pampanipani. Mulungu Apollo anamulamula kuti abwezere imfa ya bambo ake, apo ayi adwala nthenda zoopsa ndipo anthu adzamusala. Koma wopha bambo akewo ndi mayi ake omubereka. Anapha Aegisthus, kenako mayi ake, ngakhale mayiwo anamuonetsa bere limene anayamwa. Sanapume n'komwe. Nthawi yomweyo anayamba kuona zinthu zimene ena onse sankaziona: akazi ovala zakuda, njoka zili m'tsitsi, maso akukha zonyansa. Awa ndi ma Erinyes, milungu yakalekale yolipsira magazi a pachibale, imene imalondola wakupha ndi fungo la magazi ngati agalu osaka. Anzathu a m'chigawo chapakati ndi kummwera ali ndi mawu akuti chirope: amati munthu amene wakhetsa magazi a mnzake mutu umamusokonekera, ndipo sakhalanso bwino mpaka atamusambitsa mankhwala. Ine nditamva za Orestes ndinangoti, ichi n'chirope basi. Naye Apollo anamusambitsa ndi magazi a nkhumba, koma olipsira aja sanamusiye.

M'sewero lachitatu mzukwa wa Clytemnestra ukuonekera pabwalo. Wapeza olipsira ake akugona, akuchita nkonono, ndiye ukuwakalipira kuti iwo ali m'tulo pamene iye akunyozedwa pakati pa akufa anzake. Taonani: amene dzana anali wakupha, lero ndi wakufa wofuna magazi. Orestes akadaphedwa, pakanadzuka winanso womulirira. Unyolo wotere sutha wokha, chifukwa imfa iliyonse yobwezera imabala wamasiye watsopano.

Orestes anathawira ku Athens, kwa mulungu wamkazi Athena. Athena anamva mbali zonse ziwiri, ndipo anati mlanduwu ndi wolemera kwambiri moti sangaugamule yekha. Anasankha nzika za mumzindamo, anazilumbiritsa, n'kukhazikitsa bwalo paphiri lotchedwa Areopagus. Olipsira anakhala odandaula, Apollo anaimira woimbidwa mlandu, oweruza anavota poponya timiyala m'mitsuko. Mavoti anafanana, ndipo voti ya Athena inamasula Orestes. Oonerera seweroli ankalidziwa bwino phirilo, poti bwalo lenileni loweruza milandu ya kupha linkakhala pomwepo m'masiku awo. Ndi phiri lomwelija limene Paulo anadzalalikirapo pambuyo pake, pa Machitidwe 17.

Musaganize kuti mlanduwo unayenda mwaukhondo. Mfundo imene Apollo anapambanira ndi yakuti mayi si kholo lenileni, amangosunga mbewu ya bambo ngati munda, choncho kupha mayi n'kochepa poyerekeza ndi kupha bambo. Aise! Ngakhale kuno kumene ng'ombe zikaperekedwa ana amakhala a kuchimuna, ndani angaime pabwalo la amfumu n'kunena kuti mayi ake si m'bale wake? Akanakanena zimenezo ku Dedza kapena ku Mchinji, kumene mwinimbumba ndi malume, akanamuseka mpaka madzulo. Ndipo za Iphigenia, mtsikana amene anayamba kuphedwa uja, pabwalopo palibe anazilabadira. Komabe chinthu chimodzi chinasintha: mpeni unachoka m'manja mwa wofedwa, nkhani inapita kwa anthu amene sanafedwe, amene angathe kumvetsera mbali zonse mitu ili yozizira.

Gawo limene ndimalikonda likubwera mlandu utatha. Olipsira aja anapsa mtima, anati awononga mbewu, ziweto ndi mimba za amayi m'dziko lonselo. Athena sanawathamangitse. Anawanyengerera mobwerezabwereza, anawalonjeza malo awoawo m'phanga pansi pa phiri, ndi nsembe, ndi ulemu mpaka kalekale. Anavomera, nayamba kudalitsa minda imene amati aitemberere, ndipo anthu anawaperekeza kunyumba yawo yatsopano ndi miuni. Sewerolo limadziwika ndi dzina lakuti Eumenides, kutanthauza okoma mtima. Aeschylus sananene kuti mkwiyo wa wofedwa ndi wopusa. Anaupezera pokhala.

Ife a Malawi tili nayo nkhani yofanana, kungoti ili kumapeto ena a dziko, ku Nsanje, kwa Amang'anja. Ndi ya Mbona. Imakambidwa mosiyanasiyana, koma ambiri amati kunali chilala, mkulu wina dzina lake Mlauli anavina kuti mvula igwe koma inakana, ndipo mphwake Mbona atavina inagwa. Nsanje inayamba pamenepo. Mbona anathawira kummwera, adani akumulondola, mpaka anamupeza. Zida zachitsulo zinakanika kumulasa, ndipo amati iye mwini ndiye anawauza chomuphera, kanthu kofewa ngati tsamba la udzu. Anamudula mutu, magazi ake anayenda ngati mtsinje pamalo otchedwa Ndione, ndipo mutuwo unaikidwa m'nkhalango ya Khulubvi. Munthu wophedwa mopanda chilungamo chonchi, mwa nzeru za ma Erinyes, anayenera kusanduka chiwanda chofuna mitu ya adani ake. Koma anthu anamumangira kachisi, anamupatsa mkazi womutumikira amene amatchedwa Salima, ndipo kwa zaka mazanamazana akhala akupita kumeneko kukapempha mvula. Malemu Steve Chimombo, amene ankaphunzitsa ku Chancellor College, analemba sewero la nkhaniyi lotchedwa The Rainmaker, lomwe linasindikizidwa mu 1978. Wophedwa uja anapatsidwa nyumba ndi dzina, ndipo chimene anthu amayembekezera kwa iye ndi madzi, osati magazi.

Tsono tibwerere kufunso lakuseri kwa nkhokwe lija, chifukwa pali kusiyana kumodzi kumene kumandiopsa. Orestes ankamudziwa wopha bambo ake. Clytemnestra anaima poyera pambali pa mtembo n'kuvomera yekha. Ngakhale zinali choncho, kubwezera kunamupengetsa mnyamatayo. Nanga ife, amene nthawi zambiri wakuphayo timachita kumuganizira? Mu Januwale 2016 ku Neno mphenzi inapha mtsikana wa zaka 17. Anthu ena anati si mphenzi wamba, ndipo okalamba anayi a m'mudzi momwemo anaphedwa powaganizira ufiti. Maliro amodzi anasanduka asanu. Nkhani zotere timazimvanso pawailesi kuchokera m'maboma athu a kumpoto kuno, ndipo wolozedwa chala kawirikawiri ndi agogo okhala okha, osauka, amaso ofiira ndi utsi wa kukhitchini, opanda mwana wamphamvu wowaimira. Amene amanyamula zibonga ndi miyala nthawi zambiri si nkhalamba zinzawo. Ndi anyamata a msinkhu wathu, a msinkhu wa Orestes, atauzidwa ndi akuluakulu kapena ndi sing'anga kuti malemu akudandaula.

Lamulo la dziko lino lokhudza ufiti, limene linakhazikitsidwa mu 1911, limati kutchula munthu kuti ndi mfiti ndi mlandu. Anthu ambiri amadandaula kuti ndi lamulo la atsamunda losamvetsa moyo wathu, ndipo mkangano umenewo ulipobe. Koma pa za kupha palibe mkangano: mlandu wakupha suweruzidwa ndi abale a malemu, ngakhalenso amfumu, umapita ku Khothi Lalikulu, limene kuchigawo chathu lili ku Mzuzu. Ndi kutali, ndipo milandu imachedwa, wofedwa n'kumaona ngati dziko lamuiwala. Pamenepo m'pamene ma Erinyes athu amadzukira. Ine ndimaona kuti mankhwala ake ali pawiri, monga anachitira Athena. Funso lakuti wamupha ndani liyankhidwe ndi anthu ofufuza, achipatala amene angapime thupi ndi apolisi, osati ndi maloto. Ndipo wakufayo apatsidwe zake zonse: alilidwe mokwanira, dzina lake lipatsidwe kwa mwana, chiliza chimangidwe, ana ake amasiye alipiriridwe fizi.

A kalabu ya zisudzo, seweroli tingalithe. Silifuna zambiri: zigoba za makatoni, zitenje zakuda, mitsuko iwiri ndi timiyala ta pabwalo la mpira. Oweruza akhale oonerera eniake, aliyense aponye kamwala kake. Kanga ndikudziwa kale kumene kadzapite. Orestes asaphedwe, koma asapitenso kwawo akuseka ngati sanachite kanthu, ndipo ndidzapempha kuti tiwonjezere mboni imodzi imene Aeschylus sanaiitane pabwalo lija: Iphigenia.