NKHOKWE YA MUMTAMBO: POLOWETSA N'KWAULERE, POTULUTSA MULIPIRA

Masiku ano maparishi ambiri, makwaya ndi mabungwe a Mpingo akufuna kuti ntchito zao zidziwike pa intaneti. Ena akujambula Misa ya Lamulungu kuti odwala ndiponso abale amene ali ku Johannesburg kapena ku London aziitsatira. Ena akufuna kusunga zithunzi za mabuku akale a ubatizo kuti chiswe chisawatherere. Zonsezi ndi zabwino, ndipo Msonkhano wa Vatican Wachiwiri unalimbikitsa kale mu 1963 kuti Eklezia azigwiritsa ntchito zipangizo zofalitsira mauthenga. Koma pali mtengo wina umene ambiri sauona poyamba, ndipo umadzaonekera pa bilu mwezi utatha. M'nkhani ino ndifuna kukufotokozerani, inu anzanga aseminale, abambo ansembe ndi makolo athu, za mtengo umenewu, mmene tingauwerengere ndi mmene tingauchepetsere.

Kodi mtambo n'chiyani?

Anthu a zamakompyuta akamanena kuti zinthu zasungidwa mu cloud, kutanthauza mtambo, sakunena za kumwamba ai. Akunena za nyumba zikuluzikulu zodzaza ndi makompyuta amene kampani ina imabwereketsa kwa aliyense wofuna kusungiramo katundu wake. Makampani otchuka pa ntchito imeneyi ndi Amazon, Microsoft ndi Google. Kwa zaka zambiri nyumba zao zonse zinali kunja kwa Africa. Microsoft inatsegula zake ku Johannesburg ndi ku Cape Town mu 2019, Amazon inatsegula ku Cape Town mu 2020, ndipo Google inafika ku Johannesburg mu 2024.

Tiyerekeze ndi nkhokwe ya munthu wina imene mwabwereka. Mwini nkhokwe akuti: lowetsani chimanga chanu mwaulere, ndipo lendi ya pamwezi ndi yochepa. Koma thumba lililonse limene lituluke pakhomo, kaya mwatenga ndinu, kaya mwana wanu, kaya mlendo wongodutsa, mudzalipira ndinu. Malipiro otulutsira amenewa pa Chingerezi amawatchula kuti egress. Kusiyana kwake ndi nkhokwe ya kumudzi n'kwakuti katundu wa mumtambo satha. Kanema mmodzi yemweyo angathe kutuluka kasanu kapena ka 5,000, ndipo ulendo uliwonse umawerengedwa.

Ulendo wa kanema kufika ku Sunnyside

Ine kwathu ndi ku Sunnyside mumzinda wa Blantyre, choncho ndiloleni ndipereke chitsanzo cha komweko. Tinene kuti parishi ina yajambula Misa n'kuiika pa kompyuta ya ku Cape Town. Mai wina wa ku Sunnyside, amene nyumba yake ili pafupi ndi tchalitchi, akatsegula kanemayo pa foni, zithunzi ndi mau zimachoka ku Cape Town, kudutsa m'nthambo za maiko ena, kulowa m'Malawi, kufika pa nsanja ya TNM kapena ya Airtel, kenaka pa foni yao. Misa imene inachitikira kuseri kwa mpanda wao yayenda mtunda wautali kupita ndi kubwera.

Dziko lathu lilibe nyanja yamchere, motero nthambo zikuluzikulu za pansi pa nyanja sizifika kuno. Nthambo ya SEACOM, imene inayamba kugwira ntchito mu 2009, ndi ya EASSy ya mu 2010, zimatulukira kumtunda m'madoko ngati Dar es Salaam ndi Maputo. Kuchokera kumeneko makampani athu amalipira anzao a m'maiko oyandikana nafe kuti mauthenga adutse. Ichi ndi chimodzi mwa zifukwa zimene intaneti imadulira kuno kwathu.

Tsono pa ulendo umodzi womwewu pali anthu awiri olipira. Mai aja akulipira bandulo ku kampani ya foni. Parishi nayo ikulipira mwini mtambo chifukwa katundu watuluka m'nkhokwe. Ambiri timadziwa za bandulo yokha poti ndiyo imatipweteka m'thumba tsiku ndi tsiku. Malipiro achiwiriwa ndi amene amadzidzimutsa msungichuma wa parishi.

Kawerengedwe kake

Masamu ake si ovuta. Mwana wa Fomu 1 angathe kuwachita. Pafunika zinthu zitatu: kukula kwa chinthu chimene mwaikacho, chiwerengero cha maulendo amene chidzatsegulidwe, ndi mtengo wa GB imodzi. Muchulukitse zitatuzi, mutachotsapo gawo limene kampani imapereka mwaulere.

Pa mitengo imene Amazon inkalengeza mu 2024, kulowetsa katundu kunali kwaulere, ndipo kuyambira mu December 2021 ma GB 100 oyamba kutuluka pamwezi analinso aulere. Kupitirira apo, GB imodzi yotuluka m'nyumba zao za ku America ndi ku Ulaya inali masenti 9 a dola ya ku America, pamene yotuluka ku Cape Town inali masenti 15 ndi pang'ono. Lendi yosungira GB imodzi kwa mwezi wathunthu ku America inali masenti awiri ndi pang'ono chabe. Mitengo imasintha, choncho wofuna kuyamba ntchitoyi aone kaye mtengo wa tsikulo, koma kawerengedwe kake n'komweka.

Tiyeni tiyerekeze. Kanema wa Misa wa ola limodzi, wooneka bwino, angakule pafupifupi GB imodzi. Tinene kuti anthu 300 amamuonera yense sabata iliyonse, ndipo mwezi uli ndi Malamulungu anai. Ndiye kuti 300 kuchulukitsa ndi 4, tipeza ma GB 1,200. Tikachotsapo 100 aulere atsala 1,100. Pa masenti 9 bilu ikhala madola 99. Pa masenti 15 ikhala madola 165. Nanga lendi yosungira makanema anai aja? Siikwana ngakhale masenti 10. Apa mwaona nokha pamene pagona nkhani: kusunga n'kotchipa, kutulutsa ndiye kodula.

Chinanso choti tikumbukire n'chakuti bilu imeneyi imabwera m'madola pamene chopereka cha Lamulungu chimabwera m'makwacha. Mu May 2022 kwacha inachepetsedwa mphamvu ndi 25 peresenti, ndipo mu November 2023 inachepetsedwanso ndi 44 peresenti, dola imodzi n'kuchoka pa K1,180 kufika pa K1,700. Bilu ya madola 99 imene inali K116,820 inasanduka K168,300 usiku umodzi, popanda ndi mmodzi yemwe woonjezereka pa oonera. Kuonjezera apo, kupeza ndalama zakunja m'mabanki mwathu si chinthu chapafupi.

Palinso chodabwitsa china. Mu ntchito zambiri zinthu zikayenda bwino timasangalala, koma muno chipambano chimene chimakweza bilu. Kwaya ikaimba mokoma pa mwambo wodzoza ansembe, kanema n'kufalikira pa WhatsApp, anthu 10,000 n'kumuonera, ndiye kuti ma GB 10,000 atuluka, ndipo pa masenti 9 bilu ifika pafupifupi madola 900. Walira mvula walira matope. Komanso si onse otsegula tsamba lanu amene ndi anthu. Pa intaneti pali makompyuta amene amangoyendayenda kukopera chilichonse chimene apeza, ndipo zimene atenga iwo mumalipiranso ndinu.

Njira zochepetsera

Njira yoyamba ndi kuchepetsa katundu yemweyo. Anthu ambiri amaonera pa foni, ndipo kagalasi ka foni sikafuna kanema wolemera ngati wa pa wailesi ya kanema yaikulu. Mukamupeputsa kanema uja kufika theka, katundu wotuluka atsikanso ndi theka, ndipo bandulo ya mai a ku Sunnyside aja ikhalitsa. Ndipo tidzifunse: kodi ulaliki ukufunika zithunzi? Mau okha a ola limodzi angakwane m'ma MB 30. Anthu 300 omwe aja atamvera Malamulungu anai, katundu yense akhala ma GB 36, amene sakufika n'komwe pa 100 aulere aja. Chimodzimodzi zithunzi: chithunzi chochokera mu kamera chichepetsedwe chisanaikidwe pa tsamba.

Njira yachiwiri ndi kuika makanema pa YouTube kapena pa Facebook, pamene woika salipira za kutuluka kwa katundu. Maparishi ambiri amachita zimenezi ndipo n'zanzeru. Komabe chaulere chili ndi mtengo wake. Makampaniwa amapeza ndalama mwa kutsatsa malonda, ndipo si inu amene mumasankha malonda amene aoneke pafupi ndi Misa yanu. Malamulo ndi ao, ndipo angathe kuchotsa kanema wanu osakufunsani. Choncho sungani kope lanu kunyumba.

Njira yachitatu ndi kusankha bwino mwini nkhokwe. Si makampani onse amene amalipiritsa potulutsa. Mu 2022 kampani ya Cloudflare inatsegula nkhokwe yake yotchedwa R2 imene siilipiritsa egress. Palinso njira yotchedwa CDN, imene imasunga makope a katundu wanu m'malo ambiri kufupi ndi oonera kuti asamachoke m'nkhokwe yaikulu ulendo uliwonse. Amazon yomwe, kuyambira mu December 2021, inayamba kupereka ma GB pafupifupi 1,000 aulere pamwezi kwa ogwiritsa ntchito CDN yake yotchedwa CloudFront. Pa chitsanzo chathu chija, gawo lalikulu la bilu likanatha ndi njira imeneyi yokha. Safunsa anadya phula.

Njira yachinai ndi kusunga za kuno konkuno. Mu 2008 makampani a intaneti m'dziko muno anakhazikitsa malo okumanirana otchedwa Malawi Internet Exchange ku College of Medicine mu Blantyre momwemuno, ndi cholinga choti uthenga wochoka ku Limbe kupita ku Namiwawa usamayambe wazungulira ku Ulaya. Mu 2022 boma linatsegulanso National Data Centre mu Blantyre. Ngati anthu amene mukufuna kuwafikira ali m'Malawi, n'koyenera kufunsa mitengo kwa makampani a kuno, amene mungawalipire m'makwacha. Ndipo pa sukulu ngati yathu ino nzeru ndi yomweyi: buku kapena kanema wa phunziro atsitsidwe kamodzi, aikidwe pa kompyuta imodzi ya mu laibulale, onse azitenga pamenepo. Palibe chifukwa choti anyamata makumi anai atsitse chinthu chimodzi maulendo makumi anai.

Njira yachisanu ndi kuika mlonda. Makampani akuluakulu onse aja ali ndi njira yoti akutumizireni uthenga bilu ikafika pa ndalama imene mwatchula. Ikani malire otsika, ndipo uthengawo uzipita kwa anthu awiri, monga Bambo Mfumu ndi msungichuma. Dziwani kuti nthawi zambiri uthengawu umangochenjeza, sutseka chitseko, choncho pafunika munthu woti achitepo kanthu msanga. Mau achinsinsi otsegulira akaunti asungidwe ngati makiyi a ku sakristiya. Katundu amene si wa aliyense, monga mabuku a ubatizo ndi a ukwati, atsekeredwe kuti asaonedwe ndi anthu wamba. Izi zimateteza thumba, komanso zimateteza mbiri ya akhristu, makamaka popeza kuyambira mu 2024 dziko lathu lili ndi lamulo loteteza zinsinsi za anthu zosungidwa m'makompyuta, limene amaliyang'anira ndi a MACRA.

Tsiku losamuka

Pali funso limodzi loyenera kufunsa musanalowe: nanga tsiku lotuluka zidzakhala bwanji? Tinene kuti ofesi ina ya Mpingo yasunga ma GB 2,000 a zithunzi ndi zikalata, ndipo ikufuna kusamukira kwina. Kutulutsa zonsezo mwezi umodzi pa masenti 9, titachotsa 100 aulere, kungadye madola 171. Kwa makampani akuluakulu osunga katundu wochuluka, ndalama yotere imakula mpaka amaopa kusamuka, ndipo ambiri anadandaula kuti malipirowa ali ngati chingwe chomangira mbuzi pachikhomo. Maiko a mu European Union anakhazikitsa lamulo lotchedwa Data Act lofuna kuthetsa mchitidwewu, ndipo kumayambiriro kwa 2024 Google, Amazon ndi Microsoft analengeza kuti wosamukiratu sadzalipira potulutsa katundu wake. Koma mwai umenewu uli ndi malamulo ake, ndipo umayenera kupemphedwa musanayambe kusamutsa. Sukhudza katundu wotuluka tsiku ndi tsiku kupita kwa oonera.

Chifukwa chiyani nkhaniyi ikutikhudza?

Wina angafunse kuti mseminale ali nazo chiyani nkhani za madola ndi ma GB. Yankho langa ndi lakuti ena mwa ife, Mulungu akalola, adzapatsidwa maparishi oti awayendetse, ndipo ena adzakhala m'makomiti a tchalitchi ngati akhristu eni ake. Ndalama imene idzalipire bilu ndi ya mai wogulitsa tomato mumsika wa Limbe ndi bambo wokankha wilibala pa Wenela, amene anaponya m'mbale ndi mtima wonse. Ndalama yotere siyenera kuthera pa chinthu chimene sitinachiwerengere. Ambuye Yesu yemwe anatiphunzitsa za munthu wofuna kumanga nsanja, kuti nzeru yake iyambire pa kuwerenga mtengo.

Sindikunena kuti tiope zipangizo zimenezi. Carlo Acutis, mnyamata wa ku Italy amene anamwalira mu 2006 ali ndi zaka 15, anagwiritsa ntchito kompyuta kufalitsa mbiri ya zozizwitsa za Ukaristia, ndipo Papa Leo XIV anamulengeza kuti ndi woyera pa 7 September 2025. Msinkhu wake unali wofanana ndi wa ambiri a ife. Tizigwiritse ntchito ndithu, koma ndi maso otsegula.

Choncho wina akadzabwera ku parishi kwanu ndi maganizo oika zinthu mumtambo, mulandireni bwino, mumpatse mpando, kenaka mumufunse mafunso anai awa: Chinthucho n'chachikulu bwanji? Adzachitsegula anthu angati pamwezi? GB imodzi yotuluka ndi ndalama zingati, ndipo tidzalipira m'ndalama yanji? Tikadzafuna kuchoka, tidzatuluka bwanji? Akayankha onse anai ndi manambala olembedwa papepala, pitirizani naye. Akayamba kuzemba, uzani komiti idikire kaye.