Sukulu, Zilembo ndi Ziyankhulo m'Dziko la Soviet Union

M'nkhani ino ndifotokoza m'mene sukulu za m'dziko la Soviet Union zidachitira ndi ziyankhulo za mitundu yosiyanasiyana ya anthu a m'dzikomo, kuyambira 1917 pamene achikomyunizimu adalanda boma la Russia kufikira 1991 pamene dzikolo lidaphwasuka. Anthu akamakamba za maphunziro a m'dzikoli amakonda kutchula zinthu ziwiri: kuthetsa umbuli ndi kudzaza mitu ya ana ndi mfundo za chipani. Zonsezi zidachitikadi. Koma ine monga wophunzira ziyankhulo ndili ndi funso lina. Kodi mwana ankaphunzira m'chiyankhulo chanji, nanga ankachilemba ndi zilembo ziti? Yankho la funsoli lidasintha kangapo, ndipo zotsatira za kusinthako zikuonekabe.

Kalembera wa 1897 adaonetsa kuti mwa anthu a zaka 9 mpaka 49, odziwa kuwerenga adali 28 okha pa 100 alionse. Pa 26 Disembala 1919 Lenin adasaina lamulo lolamula aliyense wa zaka 8 mpaka 50 amene sadziwa kulemba ndi kuwerenga kuti aphunzire. Wogwira ntchito amene adalowa sukulu ankaweruka kutatsala maola awiri, malipiro ake osadulidwa, ndipo woletsa mnzake kupita kusukulu ankazengedwa mlandu. Ntchito imeneyi inkatchedwa likbez. Pofika 1926 odziwa kuwerenga adali 57 pa 100, mu 1939 adali 87, ndipo mu 1959 adapitirira 98. Chiwerengero cha 1939 chimafunika kuchilandira mosamala, poti boma lidakana zotsatira za kalembera wa 1937 n'kumanga akuluakulu amene adamuyendetsa. Amene adawerenga anthu patatha zaka ziwiri ankadziwa bwino chimene bwana akufuna kumva. Ngakhale zili choncho, palibe amene amatsutsa zoti umbuli udatha mumbadwo umodzi kapena iwiri.

Mfundo imene ndikufuna kuti tiione bwino m'lamulo la 1919 ndi yakuti munthu ankaloledwa kuphunzira m'Chirasha kapena m'chiyankhulo chobadwa nacho. Kulemba mfundoyi kudali kosavuta, koma dzikolo lidali ndi ziyankhulo zoposa 100. Zina, monga za ku Georgia ndi Armenia, zidali ndi zilembo zawozawo zakalekale. Asilamu a ku Central Asia ndi a m'mbali mwa mtsinje wa Volga ankalemba ndi zilembo za Chiarabu. Ziyankhulo zambiri za ku Siberia ndi za m'mapiri a Caucasus zidali zisadalembedwepo, kapena zidali ndi timabuku tochepa ta amishonale. Mu 1923 chipani chidakhazikitsa ndondomeko yotchedwa korenizatsiya, kuchokera ku mawu a Chirasha otanthauza muzu. Cholinga chidali chakuti mtundu ulionse ukhale ndi sukulu, nyuzipepala, mabuku ndi akuluakulu a boma m'chiyankhulo chake. Sikudali kukoma mtima chabe. Atsogoleri ankaopa kuti mitundu imene idazunzika mu ulamuliro wa mafumu a Russia idzaona boma latsopano ngati mtsamunda yemwe uja atasintha malaya. Ankadziwanso kuti mlimi amamva bwino uthenga wa chipani ukabwera m'chiyankhulo cha mayi ake.

Apa mpamene akatswiri a ziyankhulo adapeza ntchito imene sadaionepo. Mmodzi mwa iwo, Nikolai Yakovlev, adafufuza ziyankhulo za ku Caucasus monga Chikabardian, chimene chili ndi makonsonanti ochuluka zedi koma mavawelo owerengeka. Mu 1928 adasindikiza njira yowerengetsera zilembo zimene chiyankhulo chikufunikira. Maziko a njirayi adali akuti si liwu lililonse limene khutu likumva liyenera kupatsidwa chilembo, koma lokhalo limene limasiyanitsa matanthauzo a mawu. Tikatengera Chichewa, p ndi ph ayenera kusiyana polemba chifukwa "pala" ndi "phala" si chinthu chimodzi, pamene l ndi r sasiyanitsa tanthauzo la mawu alionse. Lero mfundoyi timaiphunzira m'chaka choyamba ngati yodziwikiratu, koma panthawiyo idali yatsopano, ndipo idayesedwa pa ana enieni m'makalasi enieni.

Msonkhano wa akatswiri a ziyankhulo za gulu la Turkic umene udachitikira ku Baku mu 1926 udagwirizana zosiya zilembo za Chiarabu n'kutenga za Chilatini, zomwe timalembera ifezi. Chifukwa chimene adapereka chidali chakuti kalembedwe ka Chiarabu sikaonetsa mavawelo onse, pamene ziyankhulo zimenezi zili ndi mavawelo ambiri. Chifukwa china, chimene sichidali chobisika kwenikweni, chidali chofuna kulekanitsa ana ndi madrasa ndi mabuku a chipembedzo. Zilembo za Cyrillic, zimene amalembera Chirasha, adazipewa poti zinkakumbutsa anthu ulamuliro wa mafumu. Pofika pakati pa zaka za m'ma 1930 ziyankhulo zoposa 60 zidali ndi alifabeti ya Chilatini. Mitundu ing'onoing'ono ya kumpoto, yoweta nyama za mtundu wa mphalapala ndi kusodza, idapangiridwa alifabeti imodzi mu 1931, ndipo mu 1932 Vladimir Bogoraz adatulutsa buku loyamba lophunzirira kuwerenga m'Chichukchi. Yakovlev adafika mpaka pokonza zoti Chirasha chomwe chizilembedwa m'Chilatini, koma akuluakulu a chipani adaletsa ganizolo mu Januwale 1930.

Mphepo idayamba kutembenukira ku Ukraine. Kumeneko nduna ya zamaphunziro, Mykola Skrypnyk, idalimbikira kwambiri kuti ana aziphunzira m'chiyankhulo cha dzikolo, ndipo mu 1928 idavomereza malamulo atsopano a kalembedwe. Njala yoopsa ya 1932 ndi 1933 itafika pachimake, boma la Stalin lidati tirigu sakusonkhanitsidwa mokwanira chifukwa adani abisala m'ndondomeko yokweza chiyankhulo cha ku Ukraine. Lamulo la pa 14 Disembala 1932 lidatembenuza sukulu za anthu a mtunduwu a m'dera la Kuban kukhala za Chirasha. Skrypnyk adachotsedwa paudindo ndipo adadziwombera mu Julaye 1933. Chaka chomwecho malamulo a kalembedwe adasinthidwa kuti afanane ndi a Chirasha, ndipo chilembo ґ chidachotsedwa mu alifabeti. Chidabwerera mu 1990. Munthu angaseke pomva kuti chilembo chidakhala kunja zaka 57 ngati woukira boma, koma anthu amene adachiikamo ambiri a iwo adathera m'ndende.

Zaka za 1937 ndi 1938 zidapululutsa mbadwo wonse wa akatswiri. Akhmet Baitursynov, amene adakonza kalembedwe ka Chikazakh ndi kulemba mabuku ake a sukulu, adaphedwa mu 1937, monganso Bekir Çoban-zade, mmodzi mwa otsogolera msonkhano wa ku Baku. Yevgeny Polivanov ndi Aleksandr Samoylovich adawomberedwa mu 1938. Chaka chomwecho sukulu za mitundu monga Ajeremani, Apolishi ndi anthu ochokera ku Finland, Estonia ndi Latvia zidatsekedwa m'madera ambiri kapena kusandutsidwa za Chirasha. Pa 13 Malichi 1938 kudatuluka lamulo lakuti Chirasha chiziphunzitsidwa ngati phunziro lokakamiza m'sukulu zonse za mitundu ina, ndipo chimodzi mwa zifukwa zake chidali chakuti mnyamata aliyense wolowa usilikali azimva malamulo. Pakati pa 1936 ndi 1941 pafupifupi ziyankhulo zonse zimene zidapatsidwa Chilatini zidasamutsidwira ku Cyrillic.

Tiyeni tiganizire mwana wa ku Uzbekistan wobadwa cha m'ma 1918. Adayamba kulemba ndi zilembo za Chiarabu, kuchokera kumanja kupita kumanzere. Asadamalize sukulu adauzidwa kuti aphunzire za Chilatini. Pofika 1940, atakhala kale kholo kapenanso mphunzitsi, adayambiranso ndi Cyrillic. Mabuku a agogo ake mwana wake sakadatha kuwawerenga. Kuonjezera apo, Chilatini chija chidali chofanana m'ziyankhulo zapachibale, pamene Cyrillic idakonzedwa payokhapayokha m'dera lililonse. Liwu la j, longa la m'mawu akuti "jekeseni", linkalembedwa ж m'Chiuzbek, җ m'Chiturkmen ndi ҹ m'Chiazerbaijani. Akatswiri ena amati izi zidachitika mwadala pofuna kugawanitsa anthu a magazi amodzi. Ena amati idali phuma chabe la makomiti amene ankagwira ntchito ali ndi mantha. Kwa wowerenga nyuzipepala ya dera loyandikana nalo, zotsatira zake zidali zimodzi.

Komabe tisaganize kuti Stalin adathetsa sukulu za ziyankhulo za makolo. Kwa mitundu ikuluikulu zidapitirira, ndipo Chirasha chidali phunziro limodzi mwa maphunziro ena. Maganizo anga ndi akuti chimene chidafooketsa kwambiri ziyankhulo zing'onozing'ono chidabwera mwaulemu, popanda mfuti, m'nthawi ya Nikita Khrushchev. Pokonzanso maphunziro mu 1958 ndi 1959, boma lidapatsa makolo ufulu wosankha chiyankhulo chimene mwana wawo aziphunzirira. M'sukulu ya Chirasha, chiyankhulo cha m'deralo chidasanduka phunziro loti mwana akhoza kulisiya. Pomva, mfundoyi ikukoma. Koma kholo linkaona lokha kuti maphunziro ambiri a ukachenjede, ntchito za m'mafakitale akuluakulu, usilikali ndi maudindo a m'chipani zonse zimayenda m'Chirasha. Ndani akadatumiza mwana wake kusukulu imene njira yake ikuthera pamudzi? Atsogoleri a ku Latvia ndi Azerbaijan adaona msamphawo ndipo adafuna kuti ziyankhulo zawo zikhalebe zokakamiza kwa ana onse. Mu 1959 ena mwa iwo, monga Eduards Berklavs wa ku Latvia, adachotsedwa m'maudindo.

Kuyambira pamenepo, m'madera ambiri a m'kati mwa Russia chiyankhulo cha makolo chinkaphunzitsidwira m'makalasi oyambirira okha, kenaka chidatsala ngati phunziro la maola owerengeka pasabata. Kumpoto zinthu zidaipa koposa chifukwa cha sukulu zogonera komweko. Ana a oweta ziweto ankatengedwa kumisasa ya makolo awo n'kukakhala miyezi yambiri ya chaka m'manja mwa aphunzitsi oyankhula Chirasha. Ankabwerera kwawo akudziwa masamu ndi mbiri ya chipani, koma akuchita chibwibwi poyankhula ndi agogo awo. Kudziwa ziyankhulo ziwiri kudali kwa mbali imodzi. Kalembera wa 1989 adapeza kuti ku Kazakhstan eni dziko oposa 60 pa 100 ankayankhula bwino Chirasha, pamene mwa anthu a mtundu wa Chirasha okhala komweko, odziwa Chikazakh sadakwane mmodzi pa 100.

Sukulu yomweyo idatulutsanso alembi amene popanda iyo sakadamveka. Yuri Rytkheu, wobadwira m'mudzi wa Uelen mu 1930, chaka chimodzi alifabeti ya kumpoto isadakhazikitsidwe, adakhala mlembi wodziwika wa mtundu wa Chukchi. Chinghiz Aitmatov wa ku Kyrgyzstan ndi mlakatuli Rasul Gamzatov wa ku Dagestan adawerengedwa m'maiko ambiri. Koma tizindikire kuti dziko lidawadziwa kudzera m'Chirasha, ndipo Rytkheu ndi Aitmatov adalemba mabuku awo ambiri m'Chirashamo. Kumene anthu adali ochuluka ndiponso olimba mtima, chiyankhulo chidatetezeka: pa 14 Epulo 1978 anthu zikwizikwi, ambiri a iwo ophunzira, adadzaza misewu ya Tbilisi pokana kuti chiyankhulo cha ku Georgia chichotsedwe pa udindo wake m'malamulo a dera lawo, ndipo boma lidagonja.

Dziko litayamba kugwedezeka, chimodzi mwa zinthu zoyamba zimene mitundu idafuna kubweza chidali zilembo. Moldova idabwerera ku Chilatini pa 31 Ogasiti 1989. Azerbaijan idachita chimodzimodzi mu 1991, ndipo Turkmenistan ndi Uzbekistan zidatsatira mu 1993. Ku Uzbekistan ana adayamba kuphunzira Chilatini pamene makolo awo ndi mabuku ambiri a m'malaibulale adatsalira mu Cyrillic, kotero mpata uja wa pakati pa mwana ndi mabuku a akulu ake udatsegukanso kachitatu. Kazakhstan idalengeza zosintha mu 2017, koma alifabeti yoyamba idadzaza zizindikiro za nkhodolero (') moti anthu adaiseka mpaka boma lidaikonzanso mu 2018. M'kati mwa Russia njira imeneyi idatsekedwa. Tatarstan itakhazikitsa lamulo lotenga Chilatini mu 1999, nyumba ya malamulo ya ku Moscow idalamula mu 2002 kuti ziyankhulo za boma za m'madera onse a Russia zizilembedwa mu Cyrillic. Mu 2018 lamulo lina lidabwezeretsa mfundo ya Khrushchev ija: mwana aphunzire chiyankhulo cha dera lake pokhapokha makolo atapempha. Chichukchi, chimene Bogoraz adachilembera buku loyamba mu 1932, pa kalembera wa 2010 chidapezeka ndi ochiyankhula pafupifupi 5,000 mwa anthu a mtunduwo pafupifupi 16,000.