KUCOTSA MLANDU WONYOZA KHOTI SIKUFAFANIZA CIWERUZO

Anthu ambiri m'midzi amaganiza kuti munthu akacotsa mlandu ku khoti ndiye kuti zonse zathera pomwepo. Pa mlandu wonyoza khoti siziri conco ai, ndipo nkofunika kuti awerengi athu adziwe kusiyana kwace.

Tiyerekeze mai wamasiye wa ku Katete. Lamulo la cuma ca masiye la 1989 linena kuti ngati mwamuna wamwalira osasiya wilo, pa magawo 100 a cuma cace mkazi alandire 20, ana 50, makolo 20, ndipo 10 apite kwa ena amene malemuyo anali kuwasunga. Khoti lalamula mlamu wa maiyu kubweza ng'ombe zimene anatenga maliro atangotha, koma iye wakana. Maiyo wabwerera ku khoti kukapempha kuti mlamuyo alangidwe cifukwa conyoza lamulo la khoti, ndipo cilango cace cingakhale faindi kapena ndende.

Apa ndipo pamalowerera akuluakulu a banja, napempha maiyo kuti asamangitse atate ang'ono a ana ace. Kawirikawiri mau awo amakhala anzeru, pakuti munthu ali m'ndende sabweza ng'ombe, ndiponso anawo adzafunabe abale a atate awo pa ukwati ndi pa maliro.

Maiyo akabvomera, cimene wacotsa ndi pempho la cilango lokha. Ciweruzo cakuti ng'ombe zibwezedwe cikhalabe ndi mphamvu yace yonse. Mlamuyo akazengereza, maiyo angapemphe khoti cikalata cotuma mabelifi a ofesi ya Sherifi kukatenga ng'ombezo, kapena kulanda katundu wina ndi kumgulitsa ngati khoti linachula ndalama. Akapitiriza kuuma mutu, pempho la cilango lingabwerenso.

Ngozi iri pa pepala. Musanasaine kapena kudinda cala, uzani munthu amene mumkhulupirira akuwerengereni mau onse. Pepalalo linene poyera kuti mwacotsa nkhani yonyoza khoti yokha, ndipo njira zina za lamulo simunazisiye. Mukasaina lonena kuti mwagwirizana pa zonse ndipo palibenso comwe mufuna, khomo limene mwatsekalo nlobvuta kutsegula. Dziwaninso kuti woweruza ndiye amapereka cilolezo, ndipo angalamule wocotsa pempho kubwezera mnzaceyo ndalama zimene waononga pa mlanduwo.

Pali kunyoza kwina kumene munthu wamba sangakucotse, monga kutukwana woweruza, kuopseza mboni kapena kusokoneza mlandu uli mkati. Kumeneku nkulakwira khoti leni-lenilo, ndipo gawo 116 la lamulo la milandu yaupandu, Penal Code, likuchula kuti ndi mlandu. M'caka ca 2018 khoti la Supreme Court linaweruza a Gregory Chifire kukhala m'ndende zaka 6 cifukwa ca zimene analemba zoneneza oweruza pa mlandu wa Savenda ndi banki ya Stanbic. Mlandu umenewo unali pakati pa iwo ndi khoti, ndipo panalibe mbale kapena nyakwawa amene akanauthetsa pa bwalo la kumudzi.

Amene alibe ndalama zolipira loya apite ku ofesi ya Legal Aid Board, monga ya ku Chipata, atanyamula pepala la ciweruzo ndi nambala ya mlandu wao.