Geoffrey Ward: Mlembi Wosabisa Zipsera za Mbiri

M'nkhani yathu ya lero tiwoloka nyanja kupita ku America, kuti timve za bambo wina amene ntchito yake yakhala yolemba mbiri ya dziko lake m'mabuku ndi m'mafilimu. Dzina lake ndi a Geoffrey Ward. Funso limene moyo wao ukutipatsa ndi ili: kodi wolemba mbiri akapeza chinthu chimene ena anachibisa, achivundukule kapena achisiye chovundikira?

A Ward anabadwa m'chaka cha 1940 m'chigawo cha Ohio. Ali ndi zaka 9 anadwala poliyo, nthenda yopuwalitsa ziwalo, ndipo kuyambira pamenepo anayamba kuyenda atamanga zitsulo m'miyendo. Ataphunzira pa koleji ya Oberlin, anagwira ntchito yolemba ndi kukonza zolembalemba, mpaka anakhala mkonzi wa magazini ya mbiri yotchedwa American Heritage kuchokera mu 1977 kufikira mu 1982.

Atachoka kumeneko anayamba kufufuza moyo wa Franklin Roosevelt, amene anali Pulezidenti wa America kuchokera mu 1933 mpaka pamene anamwalira mu 1945. Roosevelt anapuwala miyendo mu 1921, ali ndi zaka 39, koma anthu ambiri amene anamusankha kanayi konse sanadziwe kukula kwa vuto lake. Pamaso pa anthu ankaima atamanga zitsulo, dzanja lina litagwira ndodo, lina litatsamira mkono wa mwana wake kapena wa womuthandiza. Atolankhani nawo ankapewa kumujambula ali pa njinga ya opuwala. A Ward, amene ankadziwa m'thupi mwao kulemera kwa zitsulo zotere ndi mantha a kugwa pagulu, anafotokoza mwatsatanetsatane m'mene munthuyu anavutikira zaka zambiri kuyesa kuyendanso, ndi m'mene anaphunzirira kubisa ululu wake. Buku lao lachiwiri la nkhaniyi, A First-Class Temperament, linatuluka mu 1989 ndipo linalandira mphotho zikuluzikulu. Owerenga sanamupepuse Roosevelt chifukwa cha zimenezi. M'malo mwake anaona kulimba mtima kumene kunali kobisika.

Pa nthawi yomweyo a Ward anali atayamba kugwira ntchito ndi wojambula mafilimu wotchedwa Ken Burns. Ntchito yao yotchuka ndi The Civil War, filimu ya zigawo 9 imene inaonetsedwa pa wailesi ya kanema mu 1990. Inkafotokoza nkhondo yapachiweniweni ya 1861 mpaka 1865, imene gwero lake linali ukapolo, ndipo inapha anthu oposa 600,000. M'masiku a nkhondoyo kunalibe makina ojambulira zithunzi zoyenda. Chimene anachita ndi kusonkhanitsa zithunzi zakale, makalata a asilikali ndi zolemba za anthu wamba, n'kupeza anthu a mau abwino kuti aziwerenge. Apa mpamene panali ntchito ya mlembi. Wowerenga buku akaphonya mfundo amabwerera m'mbuyo, koma womvera alibe mwai wotero, monga inu mukudziwa. Choncho mau ayenera kukhala ochepa, olunjika, ndi osiya mpata woti chithunzi chidzilankhulire chokha. Awiriwa anapitiriza kugwirizana pa mafilimu ena, monga Jazz mu 2001, The Roosevelts mu 2014 ndi The Vietnam War mu 2017.

Koma mayeso aakulu a mlembi amafika pamene nkhani yalowa m'nyumba mwake. Agogo a bambo ao, Ferdinand Ward, anali tambwali wodziwika mu mzinda wa New York. Ankalandira ndalama za anthu powalonjeza phindu lalikulu, koma phindulo ankalitapa m'ndalama za ena obwera pambuyo. Chinyengochi chitaululika mu 1884, ambiri anasauka, kuphatikizapo Ulysses Grant, amene anali atakhalapo Pulezidenti wa dzikolo, ndipo Ferdinand anaponyedwa m'ndende. Mabanja ambiri nkhani yotere amaikwirira. A Ward anasanthula makalata a banja lao kwa zaka zambiri, ndipo mu 2012 anatulutsa buku lotchedwa A Disposition to Be Rich, losimba zonse popanda kumuikira kumbuyo kholo laolo.

Akuluakulu anati mako ndi mako, usamuone kuchepa mwendo. Mwambiwu sunena kuti mwendowo tiuvundikire ndi nsalu. Ukunena kuti tiuone, koma mayiyo tisamukane. Umu ndi m'mene a Ward anachitira ndi Pulezidenti wao, ndi kholo lao, ndi dziko lao.